Msonkhano Wosakweza Manja ku Rongai

Ku Nairobi ndinapita chifukwa cha mdzukulu. Mwana wanga wamkazi amagwira ntchito kumeneko kubungwe lina la mayiko ambiri, ndipo atachira mwana wake woyamba anandiimbira kuti tchuthi chatha, amayi bwerani mudzandigwirire khandali. Ine sukulu ndinalekera sitandade sikisi, ndege ndinkangoiona ikudutsa ndili pamzere kumunda kwathu ku Ntcheu. Komabe ndinakwera, kupemphera njira yonse, ndipo Mulungu anandifikitsa.

Tinkakhala ku Rongai, kunja kwa mzinda, m'nyumba zosanjikizana, ife pansanjika yachitatu. Anthu a m'nyumbazo ankatuluka kusanache kuthamangira matatu, maminibasi akumeneko oliza nyimbo ngati kuli ukwati, ndipo ankabwera dzuwa litalowa, msewu utawatopetsa. Masana tinkatsala ochepa, makanda ndi ife owalera.

Kuseri kwa mpanda wathu kunali kamalo kotsala, kakatali koma kopapatiza, pakati pa mpandawo ndi ngalande ya msewu. Kanali ka alandilodi athu omwewo, koma sanamangepo kanthu, ndiye kanasanduka dzala la aliyense. Pakona pake, pomwe kanjira kathu kamakumana ndi msewu, panali kibanda, kabenchi kofoleredwa ndi malata, ka amayi ena ogulitsa masamba. Onse ankangowatchula mama mboga. Anayamba kugulitsa pamenepo nyumba zathuzo zisanamangidwe, ndipo ana awo atatu anawalera ndi benchi lomwelo.

Amayi amenewa ndiwo anali anzanga oyamba m'dziko lija. Chiswahili ndinalibe, Chingelezi changa n'cha moni basi, koma ndikabereka mwana n'kutsika, ankandisunthira malo kuti ndikhale. Ankanditchula shosho, ndiye kuti agogo. Ankadula sukuma, masamba aja ofanana ndi chomoliya chathu, mopyapyala ngati ulusi, mpeni osauyang'ana, maso ali pamsewu. Tinkacheza ndi manja, ndi timawu tomwe ziyankhulo zathu zimafanana, ndi kuseka. Mwana akalira ankamunyamula iwo n'kumuimbira zakwawo.

Tsopano ndinene za manyazi anga. Galimoto ya zinyalala inkabwera kamodzi pa sabata, nthawi zina osabwera n'komwe. Mwana anali wa matewera otaya aja, ndipo pakapita masiku atatu chidebe chathu chinkanunkhitsa nyumba yonse. Tsiku lina ndikuyanika zovala pakhonde la kuseri ndinaona mayi woyandikana nafe akuyang'ana uku ndi uku, kenako n'kuponya kathumba kudutsa mpanda. Mawa lake ndinaona dzanja lina pansi pathu likuchita chimodzimodzi. Ndinati kani ndi mmene amachitira kuno. Majumbo kumeneko ngoletsedwa, ndiye ndinkasunga mapepala a buledi, kukulungamo matewera, kumanga mfundo bwinobwino, n'kuponya cha m'ma teni koloko eni nyumba onse ali kuntchito. Ndinachita zimenezo miyezi itatu. Kwathu ndine mayi wa chigwirizano, wovala zoyera Lachinayi, woti pakhomo panga sipagona chitsotso. Koma kumeneko ndinkadziuza kuti ndi kwa eni, dzala ndachita kulipeza.

Mvula ya Epulo itabwera, zonse zija zinakokolokera m'ngalande, ngalande n'kutseka. Madzi anabwerera, kudutsa pansi pa geti, mpaka kulowa m'nyumba ya bambo ena okhala pansi penipeni, ogwira ntchito kubanki. Madzi akuda, onunkha, ananyowetsa mipando ndi mabuku a ana awo. Alandilodi anaitanitsa msonkhano wa tonse Lamlungu masana pabwalo.

Alandilodiwo anali amayi achikulire, aphunzitsi opuma, ochokera kumadzulo kwa Kenya. Ankakhala nafe pompo, m'nyumba yapansi yakumapeto, ndipo ukanakumana nawo pageti atavala juzi lawo lakale ukanati ndi ongobwera kudzaona abale. Mwana wanga anandiuza kuti ndi a mpingo wa Abwenzi, ena amati Akweka. Ine ndinali ndisanaumvepo.

Tinakhala mozungulira pa mipando yapulasitiki. Alandilodi ananena mawu ochepa, kenako anaika manja pamiyendo n'kutsinzina. Onse zii. Ndinadikira kuti wina ayambe pemphero, palibe. Ndinadikiranso, palibe. Ndinawamvera chisoni, ndinati anthu ophunzira onsewa akungokankhizirana, ndipo kwathu mayi wa chigwirizano sasiya msonkhano uli chomwecho. Ndinakonza pakhosi n'kuyambitsa kolasi, mokweza, ndi m'manja momwe. Ndili pakati pake mwana wanga ananditsina pantchafu mpaka mawu anandithawa.

Alandilodi anatsegula maso n'kundimwetulira. Kudzera mwa mwana wanga anati nyimboyo ailandira ndi manja awiri, koma chete uja silinali vuto lofuna kukonza, linali pemphero lomwe. Anati kumudzi kwawo mpingo wawo umaimba ndi kulalika ngati ina yonse, koma iwo anaphunzira kwa kagulu kena mumzinda njira yakale ya makolo a mpingowo, yongokhala duu kudikira kuti Mulungu ayambe ndiye kuyankhula. Wina akapatsidwa mawu amaimirira, kunena, n'kukhala pansi, ndipo palibe womuyankha. Ine zaka zonsezi ndinkadziwa kuti kupemphera n'kumuuza Mulungu. Zoti nthawi zina umayenera kumusiyira mpata zinandilowa ngati madzi ozizira.

Kenako anatifotokozera za mzinda wina wa kutsidya kwa nyanja, dzina lake lilime langa silikwanitsa. Anati makolo a mpingo wawo pouyamba kalekale anafuna kuti ukhale mzinda wopanda linga, nyumba iliyonse ili ndi mpata wa dimba ndi mitengo, aliyense azipemphera mwa njira yake osakwapulidwa, ndipo anthu omwe anawapeza pamalopo azikambirana nawo ngati anthu. Sanatibisire kuti obwera pambuyo sanasunge zonsezo, ena anadyera masuku pamutu eni dziko aja. Koma anati chimene chinaganiziridwa pa mzinda wathunthu chikhoza kuyesedwa ngakhale pa kamalo ka kuseri kwa mpanda. Anapempha kuti tichotse dzala lija, titsegule ngalande, tibzalepo mitengo, ana athu azikhala ndi pamthunzi.

Zimenezo onse anazikonda. Koma bambo a kubanki aja anaimirira n'kunena kuti zonsezo n'zabwino, kungoti muzu wa vutoli ndi kibanda. Anati makoko a mbatata, mapesi a sukuma ndi tomato woola ndiye atseka ngalande, ndipo bola mama mboga ali pamenepo anthu azipitiriza kutayapo. Achoke. Anthu anavomereza ndi mitu. Wina anati akapeze malo kumsika. Mayi woyandikana nafe uja, woponya tithumba, anagwedeza mutu kuposa onse. Bambo aja anati tingokweza manja tithane nazo, ndipo manja anayamba kukwera.

"Pano sitiwerenga manja," alandilodi anatero. "Manja ambiri akhoza kulakwa limodzi. Tiyeni tikhalenso chete."

Chete ameneyo sindidzamuiwala. Sikuti phokoso linatha ayi. Matatu ankaliza mahutala kumsewu, makondakitala akuitanira za kutauni, wailesi ya wina ikulalikira, mbuzi ikulira penapake. Koma pakati pathu panali ngati pakumbidwa chitsime, ndipo aliyense akusuzumiramo yekha. Kuseri kwa mpanda ndinkamva mpeni wa mama mboga ukugunda pathabwa, akudulira munthu ndiwo, osadziwa kuti mbali ino tikuwachotsa. Ndinkadziwa kuti makoko awo amathira m'thumba, madzulo n'kupatsa munthu wa mbuzi. Ndinkadziwa chimene chinatseka ngalande, chifukwa mfundo zake ndinamanga ndine. Sindinanene kanthu.

Patapita nthawi alandilodi anatsegula maso. Sanayang'ane munthu aliyense. Anati za mitengo akumva kuti tili pamodzi, koma za amayi a kibanda sitinafike, alipo pakati pathu amene mtima wake sunakhazikike, ndiye nkhaniyo tiigoneke mpaka Lamlungu linalo. Bambo a kubanki anadandaula kuti palibe amene watsutsa. Alandilodi anayankha kuti kusatsutsa ndi kugwirizana ndi zinthu ziwiri.

Ndinakwera masitepe kubwerera m'nyumba. Mpaka lero sindidziwa kuti alandilodi anadziwa bwanji. Mwina ndi uphunzitsi, munthu woti wakhala zaka akuyang'ana nkhope za ana obisa zinthu. Mwina anangoona kuti manja ena anakwera mochedwa. Koma ine tsiku limenelo ndinamva ngati Mulungu wandiloza ndi chala pagulu, mwakachetechete, osandichititsa manyazi.

Lachiwiri madzulo tikusambitsa mwana ndinamuuza mwana wanga zonse. Anasiya kupaka sopo n'kundiyang'ana ngati sakundidziwa. Anandifunsa kawiri ngati ndikunena ine ndemwe, amene ndinkawamenya iye ndi abale ake ali ana akataya chikonyo pabwalo. Kenako anati chachitika chachitika, ndisiye kuponya basi, koma pamsonkhano ndisatsegule pakamwa.

"Amayi, ndife alendo kuno," anatero. "Azidzati Amalawi aja ndi auve. Inu mubwerera kumudzi, ine nditsala nawo anthu amenewa."

Sanali kunama. Mwana ameneyu anavutika kuti afike pamene anafikapo, ndipo ine ndinabwera kudzamupepuza, osati kudzamusenzetsa. Ndinamufunsa za mama mboga. Anati apeza pena, anthu otere amapeza pena. Ananena akuyang'ana m'beseni.

Sabata imeneyo sindinatsike kukibanda. Ndiwo ndinkati tidye nyemba. Ndinapemphera monga ndimadziwira, mokweza, kugwada, kutchula mavesi onse omwe ndinaloweza, kupempha kuti Mulungu akhudze mitima ya anthu aja asinthe okha ine osayankhula. Ndikamaliza ndinkadzuka ndi katundu yemweyo. Lachinayi m'mawa, mwana atagona, ndinati ndiyeseko za alandilodi zija. Ndinakhala pamphepete pa bedi, manja pamiyendo. Poyamba m'mutu munkangobwera za chimanga chakumudzi, ngati achikolola, ndi bondo langa lopweteka. Pang'ono ndi pang'ono zinaphwa. Sindinamve mawu, ndinganame. Chimene chinatsala chinali chimodzi chokha, mama mboga atasenza benchi lawo pamutu akutsika ndi msewu, ine ndili pakhonde ndikuwaonera. Ndinayesa kuchichotsa, chinakana.

Lamlungu tinapeza mpando wina wawonjezeka. Alandilodi anali atawaitana mama mboga, ndipo anakhala pakati pathu atavala epuloni yawo, manja atapinda, nkhope itauma. Bambo a kubanki anati amenewa sakhala m'nyumba zino. Alandilodi anati n'zoona, koma nkhani ndi yawo, ndipo sizingatheke kukamba za malo a munthu mwini wake ali kuseri kwa mpanda. Mama mboga ndinawapatsa moni ndi maso, iwo sanandiyang'ane.

Tinakhalanso chete. Uyu anali wautali kuposa woyamba uja. Mwana wanga anali atandigwira chitenje pambali, mwina osadziwa kuti wagwira. Ndinadziuza kuti ndikawerenga mpaka makumi awiri wina ayankhula, zindipitirira. Ndinafika makumi awiri, palibe. Sindikumbukira kuganiza zoti ndiimirire. Ndinangopezeka ndaima, bondo lopweteka lija osalimva.

Ndinayankhula m'Chichewa, poti ndilibe china.

"Abale anga, ngalande ija anatseka si amayi awa. Ndine mmodzi wa otseka. Miyezi itatu ndakhala ndikuponya matewera a mdzukulu wanga kuchokera pakhonde, inu muli kuntchito. Makoko a amayiwa amapita kwa mbuzi, ndimaona ndi maso anga. Mukawachotsa, muwachotsera tchimo langa."

Ndinasiya pamenepo. Palibe amene anamva ngakhale liwu limodzi kupatula mwana wanga. Onse anatembenukira kwa iye. Apo m'pamene ndinazindikira chimene ndamuchita: mawu anga sakanafika kwa anthu aja popanda kudutsa pakamwa pake. Akanatha kunena kuti amayi akuthokoza chifukwa cha mitengo, palibe akanadziwa. Koma anaimirira pambali panga n'kumasulira. Chingelezi sindimva, koma ndinamva kutalika kwake kuti sanadumphe kanthu, ndipo ndinaona nkhope zikusintha.

Tinakhala pansi tonse awiri. Ndinkayembekezera kuti wina akuwa, kapena kuseka, kapena kundiuza kuti musadandaule agogo. Kwathu zikanatero, akanandidzudzula kapena kundipepesa, nkhani n'kuthera pomwepo. Koma apa palibe anayankha. Alandilodi anatsinzinanso, ena n'kutsatira. Mawu anga anangokhala pakati pa bwalo, aliyense akuwaona. Ndinachita mantha ndi chete ameneyo, komanso ndinamva kupepuka komwe sindinakumvepo ngakhale pa misonkhano yachitsitsimutso yomwe tinkaimba mpaka mawu kusasa. Ndinati kani Mulungu amakhalanso pano, pakati pa mipando yapulasitiki ndi fungo la ngalande.

Woyamba kuimirira anali mayi woyandikana nafe uja. Ananena mawu atatu kapena anayi, mwana wanga n'kundinong'oneza kuti akuti nawonso. Kenako mayi wina wa pansanjika yachiwiri. Enanso omwe ndinkawadziwa manja awo sanaime, anangoyang'ana nsapato zawo, ndipo ine sindinawatchule. Sinali ntchito yanga.

Bambo a kubanki anayankhula pomaliza. Sanasinthe n'kukhala munthu wina ayi. Anati mipando yawo ikununkhabe, mabuku a ana sabwerera, ndipo mkwiyo wawo sunathe, wangosowa poloza. Anati iwo akuonabe kuti kibanda pageti sipamalo pake. Koma anati ataona zimene aonazi sangaime panjira, ena onse akafuna kuti amayiwo atsale, atsale.

Alandilodi ananena pang'onopang'ono chimene anati akuchimva pakati pathu. Mama mboga atsala pamalo pawo. Loweruka tonse tichotsa dzala ndi kutsegula ngalande, bambo aja tiwathandize kuchapa ndi kuyanika zawo. Zinyalala zikachuluka galimoto isanabwere tiziika mu mgolo wotseka pageti. Anafunsa ngati amva bwino. Panalibe dzanja lomwe linakwera. Anthu anangoti ee, chapansipansi, wina apa wina apo, mpaka zinakwanira. Kenako anagwira chanza yemwe anali pambali pawo, tonse n'kugwirana chanza, msonkhano n'kutha. Mama mboga anaimirira n'kubwerera kubenchi lawo.

Tinakwera masitepe ine ndi mwana wanga. Titalowa anaika ketulo pamoto, n'kunena ali chondifulatira kuti mawa ndiye ayenda bwanji pageti. Ndinati ndikhululukire mwana wanga. Anati tiyi mumwa wa mkaka kapena ayi. Zinatitengera masiku angapo kuti tiyambenso kucheza bwino.

Loweruka tinatuluka ndi mafosholo ndi matumba. Bambo a kubanki anabwera atavala majombo atsopano, anthu n'kumawaseka kuti agulira tsiku limodzi. Alandilodi, ndi ukalamba wawo, anali m'ngalande mpaka m'mawondo. Anthu odutsa mumsewu ankaima kutiyang'ana, ena n'kufunsa ngati talembedwa ndi boma. M'matope mumatuluka mapepala a buledi ambirimbiri omanga mfundo yanga, ndipo ndinkawazindikira limodzi limodzi ngati nkhuku zapakhomo.

Dzuwa lili pamutu ndinamukoka mwana wanga kuti tipite kukibanda andimasulire. Ndinagwada pang'ono monga timachitira kwathu, n'kupempha mama mboga kuti andikhululukire, poti ndinadya nawo, mdzukulu wanga ankamunyamula, koma ndinakhala sabata yathunthu chete iwo akuchotsedwa. Anapitiriza kudula mpaka mtolo unatha. Kenako analoza khonde lathu ndi mpeni.

"Shosho, ndinkakuonani tsiku lililonse," anatero. "Muli ndi dzanja. Ena ankagwetsera pafupi ndi mpanda, koma anu ankafika mpaka pa tomato wanga."

Mwana wanga pomasulira anaseka koyamba sabata imeneyo, kuseka kwa misozi. Ine ndinafunsa kuti nanga bwanji sananene pamsonkhano, poti ankatidziwa tonse. Anati akanawamvera ndani, wogulitsa masamba akuloza anthu a m'nyumba zosanja? Ndipo akanatchula mayina, akanatsala pakona koma wopanda womugula. Anati atamva zoti achotsedwa, Lachisanu msonkhano wachiwiri usanachitike, anakaona malo ena kutali, kufupi ndi kokumba miyala, komwe fumbi limakuta ndiwo usanazigulitse, ndipo anali asanauze ana awo.

Za kukhululuka sanayankhe ndi mawu. Anawerama pansi pa benchi n'kutulutsa thumba lopanda kanthu, kundipatsa m'manja, n'kuloza malo a kuseri kwa tomato wawo komwe anthu ndi mafosholo anali asanafikeko. Anati pamenepo nditolepo ine ndekha, ndisalole wina andithandize. Ndinamanga chitenje bwino n'kuyamba kutola. Ndinamaliza dzuwa litapendeka, msana ukuwawa, ndipo anabwera kudzayendera ngati kapitawo, n'kupeza kathumba kamodzi komwe ndinadumpha. Nditakatola m'pamene anandifunsa kuti sukuma adule wochuluka bwanji wa madzulo.

Ndinabwerera kwathu mwana atayamba kuyenda, mitengo yomwe tinabzala pa kamalo kaja itafika m'chiuno. Mwana wanga akaimba foni ndimafunsa za mdzukulu, kenako za kibanda. Amati alipo, pakona pomwepo, ndipo dzenje lomwe tinakumba la manyowa a mitengo ija akuyang'anira ndi iwo.